Kodi Ana Ndi a Yani? Mbiri ya Chikamwini, Chitengwa ndi Malowolo

Pa tsiku lolembetsa maukwati ife ansembe timafunsa mafunso amene Eklezia adatiikira: ngati mnyamata ndi mtsikana adabatizidwa, ngati pali chibale pakati pawo, ngati wina akukakamizidwa, ngati wina adamangapo ukwati kwina. Mafunso ameneŵa amayankhidwa msanga. Koma lilipo funso lina limene silidalembedwe m'buku la parishi, ndipo ndi lomwelo limene ankhoswe okhala pa benchi kumbuyo akulisinkhasinkha mumtima: kodi ana amene adzabadwe m'banja limeneli adzakhala a yani? Mnyamata akakhala wa ku Mzimba, mtsikana wa ku Thyolo, ankhoswe a mbali ziwirizo ali ndi mayankho awiri osiyana, ndipo aliyense akuyesa kuti yankho lake ndilo lodziwika kwa anthu onse. Amapatsana moni, amadyera pamodzi mpunga wa ukwati, osalitchula konse. Funsolo limadzatulukira pa maliro, patapita zaka 10 kapena 20, nthawi zina mtembo usanaikidwe n'komwe.

Kusiyana kumeneku sikudayambe dzulo. Dziko lathu lino silidakhalepo ndi mtundu umodzi wa banja, ndipo aliyense amene adalilamulapo, kaya ndi nthungo, kaya ndi katekisimu, kaya ndi cholembera cha boma, adayesa kuumba mabanja onse m'chikombole chimodzi. Tiyeni titsate mbiriyi pang'onopang'ono.

Kwa Achewa, Amang'anja, Ayao ndi Alomwe, mudzi udamangidwa pa akazi. Alongo pamodzi ndi ana awo ndiwo mbumba, ndipo mlongo wawo wamwamuna ndiye mwini mbumba. Mnyamata akafunsira mbeta, ankhoswe a mbali zonse ziwiri adali kukumana pa chinkhoswe, ndipo pambuyo pake iye adali kusamuka kwawo kukamanga nyumba kwa mkazi. Kumeneko adali kulandira munda, kulimira apongozi ndi kuonetsa kuti ndi munthu wa manja. Ameneyu ndiye mkamwini. Ana ake adali a kubele la mayi wawo. Mwana akapalamula, wokayankha pa bwalo adali malume. Mwana akadwala kapena akafuna kukwatira, mawu otsiriza adali a malume. Ndipo ufumu ndi chuma zidali kuchoka kwa malume kupita kwa mwana wa mlongo wake. Ukwati ukatha, mwamuna adali kunyamula nkhwangwa, khasu ndi mkeka wake n'kubwerera kwawo, koma mayi ndi ana adali kutsala pa munda pawo.

Anthu a masiku ano amafulumira kuseka chikamwini, koma tisaiwale chimene chidali kuteteza. Mkazi wa chikamwini sadali kusowa pokhala. Mwamuna wankhanza adali kumenya mkazi wake m'makutu mwa alamu ake ndi apongozi ake, ndipo nkhanzazo sizidali kukhalitsa. Kuipa kwake kudalipo ndithu: bambo adali ngati mlendo pakati pa ana ake omwe, ukwati udali kutha mosavuta, ndipo mwamuna adali kuchita ulesi kubzala mtengo wa mango pamalo pamene mawa angapirikitsidwe. Chitengwa chidaliponso kuyambira kale, makamaka kwa mafumu ndi eni mbumba, amene sakadatha kusiya mudzi wawo, ndiponso kwa mkamwini amene wakhala zaka zingapo n'kukhulupirika. Komabe tizindikire bwino kuti chitengwa chidali chilolezo chabe chotenga mkazi. Ana adali kukhalabe a kuchikazi. Ambiri amasokoneza chitengwa ndi malowolo, ndipo milandu yambiri imabadwira pomwepo.

Malowolo ali ndi mbiri yake. M'mwezi wa Novembala 1835, pa tsiku la kadamsana, Angoni a Zwangendaba adawoloka mtsinje wa Zambezi kuchokera kumwera, atanyamula mwambo wa ng'ombe. Pakati pawo, ng'ombe zikalowa m'khola la atate a mkazi, mkaziyo adali kulowa m'mudzi wa mwamuna, ndipo ana adali kutenga dzina, munda ndi cholowa kwa bambo wawo. Atakhazikika ku Mzimba, mwambowu udazika mizu pakati pa Atumbuka. Ankhonde a ku Karonga ndi Asena a ku Nsanje ndi ku Chikwawa nawonso amawerengera ana kuchimuna. Mwambo umenewu udali kupatsa mwana bambo weniweni, womuyankhira ndi womusiyira malo, ndipo mwamuna akamwalira, abale ake adali ndi udindo wosunga mkazi wamasiye ndi ana, kawirikawiri mwa njira ya chokolo. Mtengo wake udali kugwera mkazi. Ng'ombe zimene adamulowola nazo nthawi zambiri zidali zitapita kale kukalowola mkazi wa mlongo wake, kotero kuti ukwati ukawawa, makolo ake omwe adali kumubweza kwa mwamuna chifukwa chosowa chobwezera. Wamasiye wokana chokolo adali kuchoka yekha, ana n'kutsala.

Chodabwitsa n'chakuti Angoni sadapambane ponseponse. Angoni a Maseko, amene adakhazikika ku Ntcheu ndi ku Dedza, adagonjetsa Achewa pa nkhondo, koma adakwatira akazi a Chichewa, ndipo anawo adayamwa chilankhulo cha amayi awo. Lero zidzukulu zawo zimavina ngoma ndi chishango m'manja, koma zimalankhula Chichewa, ndipo ambiri mwa iwo amapita ku chikamwini. Chimene nthungo idalanda pa bwalo la nkhondo, amayi adachibweza mwakachetechete pa mtondo.

Amishoni athu adafika m'dziko lotere. A White Fathers adayesa kukhala kwa Mponda mu 1889 koma adachoka mu 1891. A Montfort adatsekula Nzama mu 1901, ndipo a White Fathers adabweranso n'kutsekula Mua mu 1902, ndiponso Likuni ndi Kachebere m'zaka zomwezo. Tawonani kuti mishoni zoyambazi zidali m'dera la chikamwini. Ansembewo adachokera ku France, ku Holland ndi ku Canada, kumene bambo ndiye mutu wa nyumba ndi mwini munda, ndipo banja limene adali kulidziwa kwawo adaliyesa banja lachikhristu lenileni. Kuno adapeza mnyamata amene waphunzira katekisimu zaka 4, wabatizidwa, wamanga ukwati woyera, koma akakhala kwa mkazi alibe mawu pa ana ake. Iye afuna mwana apite ku sukulu ya mishoni, malume afuna apite ku dambwe. Iye akana chinamwali cha m'mudzi, anamkungwi amuuza kuti mwanayo si wake. Mikangano ya pakati pa mishoni ya Mua ndi a nyau m'zaka za m'ma 1920, imene Ian Linden adailongosola m'buku lake la mu 1974, kwakukulu idali mikangano yolimbirana ana. Nchifukwa chake amishoni adalimbikitsa ulamuliro wa bambo, ndipo m'malo ena adalimbikitsa mabanja achikhristu kumanga midzi yawoyawo pafupi ndi tchalitchi.

Ife amene tidalandira chikhulupiriro kudzera m'thukuta la anthu amenewa sitingawaweruze mopepuka. Adanena zoona pophunzitsa kuti bambo adzayankha pamaso pa Mulungu za ana amene adabereka, ndi kuti ukwati si chinthu chomasula ngati mtolo wa nkhuni. Pamene adaphonya, m'kuona kwathu, m'poyesa malume mdani wa banja. Malembo Oyera sadaike lamulo la kumene banja liyenera kumanga nyumba. M'mutu wachiwiri wa buku la Genesis, wosiya atate ndi amayi ake kukaphatikana ndi mnzake ndi mwamuna, ndipo agogo athu a ku Dedza akadamva zimenezi akadangovomera ndi mutu. Yakobe adagwirira ntchito apongozi ake Labani zaka 14 chifukwa cha akazi ake, ndipo pamene adathawa, Labani adamulondola n'kumuuza kuti akaziwo ndi anawo ndi ake. Kodi pali mkamwini wina woposa Yakobe? Rute ndiye adapita ku chitengwa, n'kukakamira kwa apongozi ake ngakhale mwamuna atamwalira. Onsewa ali mu mzere wa makolo a Ambuye athu Yesu Khristu.

Chinthu chimodzi Eklezia adachitola m'mudzi, ndipo adachita bwino: unkhoswe. Kuyambira pa Msonkhano wa ku Trent, mu 1563, lamulo la Eklezia limafuna kuti ukwati umangidwe pamaso pa wansembe ndi mboni ziwiri. Koma ntchito ya mboni imatha tsiku lomwelo ikasaina m'buku, pamene ntchito ya nkhoswe imayamba tsiku limenelo. Iye ndiye wodzutsidwa usiku banja likayaka moto, wouzidwa mimba ikaoneka, wouzidwa matenda akakula. Nchifukwa chake m'maparishi mwathu sitilembetsa ukwati osaona ankhoswe, ngakhale buku la malamulo a Eklezia silitchula dzina lawo.

Boma la atsamunda, limene lidakhazikitsidwa mu 1891, lidayenda njira yokhotakhota. Lamulo la ukwati la mu 1902 lidali la Chingerezi: mkazi mmodzi, chisudzulo ku bwalo lalikulu la milandu lokha. Akhristu a kuno amene adakwatira mwa lamulo limeneli adapezeka atamangidwa ndi malamulo a dziko limene sadaliwonepo. Boma lidayesa kukonza mu 1912, osaphula kanthu, kufikira mu 1923 pamene lidaika lamulo lakuti ukwati wa m'tchalitchi wa anthu akuda uzilembedwa m'kaundula, koma zotsatira zake zonse zizitsata mwambo wa eni akewo. Amwenye adapatsidwa lamulo lawolawo mu 1929, ndipo kuyambira mu 1933 milandu ya maukwati a m'midzi idali kuweruzidwa m'mabwalo a mafumu. Lamulo la mu 1923 lija tiliyang'anitsitse, pakuti lidakhala zaka zoposa 90. Tanthauzo lake lidali lakuti wansembe adalitsa ukwati pa guwa, koma za ana ndi chuma ayankha ndi mwambo. Mkhristu adali kutuluka m'tchalitchi akuyesa kuti mphete yasintha zonse, chonsecho pamaso pa boma adali mkamwini kapena mtengwa monga kale.

Komatu chimene chidagwedeza mabanja koposa malamulo ndi ndalama. Msonkho wa nyumba udakankhira amuna kunja kwa mudzi. Kuyambira mu 1903 a Wenela adayamba kulemba anthu opita ku migodi ya ku Joni, ena adapita okha wapansi ku Salisbury ndi ku mapulazi a ku Rhodesia, ndipo komiti ya boma imene idafufuza nkhaniyi mu 1935 idayerekeza kuti amuna okwana 120,000 adali kunja kwa dziko. Ena sadabwerenso, ndiwo machona. Apa miyambo iwiri ija idaonetsa nkhope zosiyana. Mkazi wa chikamwini adali kudikira ali kwawo, pa munda wake, ndipo zaka zikachuluka ankhoswe adali kutha kumumasula. Mkazi wolowoledwa adali kudikira pakati pa alamu ake, womangidwa ndi ng'ombe za mwamuna amene mwina ali ndi banja lina ku Bulawayo. Ulendo wa ku migodiwu udaima mu 1974, ndege ya Wenela itagwa ku Francistown n'kupha Amalawi 74, ndipo ngakhale udayambanso pambuyo pake, sudafikenso pa chiwerengero chakale.

M'chigawo chapakati, chosintha zinthu chidali fodya wa chikopa, amene adafala ku Lilongwe ndi ku Dowa m'zaka za m'ma 1920. Mwamuna womanga chigafa ndi kugula ngolo sadafune kuzimanga pa dothi la apongozi. Adayamba kupempha chitengwa msanga, ndipo ndalama za fodya zidali kufewetsa mitima ya eni mbumba. Katswiri wa mbiri Kings Phiri adalemba za kusintha kumeneku mu 1983. Koma chikamwini sichidafe monga ambiri adalosera. Pitani ku Zomba, ku Chiradzulu kapena ku Mulanje lero lino, mukapeza kuti munda umachokabe kwa mayi kupita kwa mwana wamkazi.

Ufulu utabwera mu 1964, chikombole chidatembenuka. Dr. Hastings Kamuzu Banda, amene mu 1946 adathandizana ndi Cullen Young kutulutsa buku la Our African Way of Life, adatenga banja la Chichewa n'kuliyesa chithunzi cha dziko lonse. Amayi onse adasanduka mbumba yake, iye n'kukhala Nkhoswe Nambala Wani. Mayi wa ku Karonga ndi wa ku Nsanje, amene kwawo mwambo wa mwini mbumba kulibe, adavala nsalu yomweyo n'kuvina nawo. Mawuwo adali okoma, koma adasiya kunja chinthu chachikulu: nkhoswe ya m'mudzi ikalakwa, alongo ake amaikhazika pansi n'kuidzudzula, ngakhale kuichotsa kumene. Nkhoswe ya dziko lonse panalibe woikhazika pansi.

Lamulo la chuma cha masiye la mu 1967 lidayesa kulemekeza miyambo yonse iwiri powerengera magawo. Mwamuna akamwalira wosalemba wilo, m'maboma a malowolo theka la chuma lidali kupita kwa mkazi, ana ndi ena odalira malemuyo, theka linalo kwa olowa a mwambo. M'maboma a chikamwini mkazi ndi ana adali kulandira magawo 2 mwa magawo 5, otsalawo n'kupita kwa abale a mwamuna. Pa pepala zidaoneka zachilungamo. Koma chuma chimene mwambo udali kudziwa chidali khasu, mbuzi ndi nkhokwe. Tsopano kudabwera nyumba ya malata ku Ndirande kapena ku Area 25, penshoni, buku la ku banki, makina osokera amene mkazi adagula ndi ndalama za mandasi ake. Nyumba ya m'tauni si chikamwini, si chitengwa. Mayi wamasiye alibe munda wa amayi ake pansi pa mapazi ake, alibenso khola la alamu ake lomusunga.

M'tauni momwemo ndi m'mene mitundu idakwatirana. Mwamuna wa malowolo akakwatira mkazi wa chikamwini, mbali zonse ziwiri zimati ana ndi athu, ndipo amalimbirana. Zikatembenuka, mwamuna wa chikamwini n'kukwatira mkazi wa kwa malowolo, abale a mwamuna amati ana ndi a kuchikazi, abale a mkazi amati ana ndi a kuchimuna, ndipo anawo amatsala opanda mwini. Matenda a Edzi, amene adapezeka koyamba m'dziko muno mu 1985, adachulukitsa maliro a anthu a ntchito ndi a mabanja aang'ono, ndipo zimene kale zidali kuchitika mwa apo ndi apo zidasanduka za mlungu ndi mlungu. Tidaona achibale akufika ndi lole, akunyamula mipando, bedi, mpaka miphika, onse akutchula mwambo. Sudali mwambo umenewo. Malume wakale adali kulowa chuma chifukwa adali kulowanso ana a mlongo wake; mlamu wakale adali kutenga khola chifukwa adali kutenganso udindo wodyetsa amasiye. Awa adatola ufulu wa mwambo n'kusiya katundu wake pa msewu.

Malamulo atsopano adabwera kudzatseka mpata umenewu. Malamulo oyendetsera dziko a mu 1994 adavomereza ukwati wa kwa DC, wa mwambo, ngakhalenso wa anthu amene akhalira limodzi nthawi yaitali n'kudziwika ngati banja. Lamulo la mu 2011 lidafafaniza magawo a mu 1967 aja, lidaika mkazi kapena mwamuna wotsala ndi ana patsogolo, ndipo lidati kulanda chuma cha masiye ndi mlandu. Lamulo la mu 2015 lidasonkhanitsa malamulo onse a ukwati pamodzi, lidapatsa maukwati a kwa DC, a mwambo, a chipembedzo ndi a kukhalira limodzi mphamvu yofanana, ndipo lidaika zaka 18 ngati msinkhu wokwatira, zimene Nyumba ya Malamulo idazilembanso m'malamulo oyendetsera dziko mu 2017. Pali zina m'malamulowa zimene chiphunzitso chathu sichingazitche ukwati wa sakramenti, koma pa nkhani ya amasiye ndi ya atsikana aang'ono tiyenera kuthokoza. Boma lidaleka kufunsa ngati mwana ndi wa kuchimuna kapena wa kuchikazi, n'kuyamba kufunsa chimene chingamukomere mwanayo.

Vuto lake n'lakuti lamulo limakhala ku bwalo la milandu, pamene lole imafika pakhomo m'mawa wotsatira maliro. Pa ola limenelo chofunika ndi munthu wodziwika kwa mbali zonse ziwiri, woti aime pakhomo n'kulankhula. Ambuye Patrick Kalilombe, pa sinodi ya dayosizi ya Lilongwe ya mu 1973 mpaka 1975, adakhazikitsa miphakati, ndipo Sinodi ya Africa ya mu 1994 idatcha Eklezia banja la Mulungu. M'matauni mwathu mawu amenewa asanduka ntchito yooneka ndi maso: kawirikawiri amene amagona pa siwa, amene amadziwa kuti firiji idagulidwa ndi yani, ndi akhristu a mumphakati, osati malume wokhala pa mtunda wa makilomita 400. Komabe mphakati sungalowe m'malo mwa abale. Ulibe munda wopatsa mwana wamasiye, ulibe manda.

Nchifukwa chake ena mwa ife tidayamba kufunsa funso losalembedwa lija pa tsiku lolembetsa, ankhoswe onse ali pomwepo: kodi malowolo aperekedwa kapena ayi, ndipo ngati aperekedwa, mbali ya mkazi ikumva kuti atanthauza chiyani? Banjali lidzamanga kuti? Mmodzi akadzatsogola, wotsalayo ndi ana adzakhala pati? Nthawi zambiri mu ofesi mumayamba mwati zii. Kenaka wina amaseka n'kunena kuti, "Abambo, mwayamba kulosera maliro ukwati tisanadye?" Koma kawirikawiri pamapezeka mkulu mmodzi, wa mbali iyi kapena inayo, amene adaonapo lole ija ikupakira pakhomo pa mwana wake, ndipo ndiye amasendeza mpando wake kutsogolo n'kuuza anzake kuti ayambe akambirana, za tsiku la ukwati aziona pambuyo.